Nambala 9 Yanga Yapita kwa Mgambia

Lamulungu, 30 Juni

A Ambrose, kaputeni wathu amene mimba imafika pabwalo iwo akadali m'galimoto, alengeza timu yathu ya Amalawi okhala kunja kuno yokumana ndi a Zambia Loweruka ku North York. Ine mulibe. Nambala 9 yanga aipereka kwa "Sadiq wa ku Mangochi". Sadiq wake uti? Ndi Kebba, Mgambia woyendetsa folokolifiti, kagalimoto konyamulira katundu, kuweyahausi kumene ndimagwira ntchito ku Brampton! Lamulo la chikho likuti aliyense asewerere dziko lake, ndiye amubatiza. Ndipo ndine ndinawauza kuti munthuyu anasewerapo mpira wolipidwa ku Ulaya. Pakamwa panga pandigulitsa.

Lachiwiri, 2 Julayi

A Ambrose (ndiziwalemba A A.) aimba foni. Ati poti ndimagwira ntchito ndi Kebba, ndimuphunzitse Chichewa. Munthu akulande mkazi, akupemphenso kuti ukayale bedi.

Pa buleki tayamba. "Muli bwanji?" Iye: "Muli bwanji." Ndati ayi, uyankhe. Iye: "Ayi, uyankhe."

Lachitatu, 3 Julayi

Ndadandaulira Vanessa. Mkazi wanga wangoti, "Mwina chaka chino tiwonako chigoli." Nyumba ino ndilibe m'bale.

Lachinayi, 4 Julayi

Lero m'malo mwa phunziro Kebba wandifotokozera za moyo wake, akudya apozi. Anayambira pamchenga ku Serekunda, wopanda nsapato. Bambo wina wa suti anapita naye ku Sweden akadali mnyamata, n'kumusiya pasiteshoni ndi jekete lopyapyala. Anagoletsa zigoli kumeneko, kenako Finland, kenako Cyprus. Anavalako jezi ya dziko lake, mayi ake n'kuonera pa TV ya aneba. Bondo litaduka, timu inamutumizira maluwa Lolemba, Lachisanu n'kumuchotsa. Wakwinya buluku kundionetsa chipsera. Chachitali ngati zipi.

Ndamufunsa chifukwa chake akuvomera kukhala Sadiq. Akuti, "Fiskani, chibwerere kuno palibe anandipemphapo kuti ndisewere. Anditche dzina lililonse."

Ndinakonza zokanong'oneza a Zambia. Tsopano wandisokoneza, galu ameneyu.

Lachisanu, 5 Julayi

"Ndili bwino, kaya inu" yatheka. A A. alamula kuti Kebba akafunsidwa zina, azingotsokomola.

Loweruka, 6 Julayi

Ndilembe ndisanaiwale.

Ine pabenchi, kusunga mabotolo a madzi. Kebba wagwira mpira koyamba, bwalo lonse maso pa iye. Mpira umamumvera ngati mwana wake. Amatsimphina, koma wagoletsa ziwiri osatuluka thukuta. A A. akuthamanga m'mbali: "Mwana wa kwathu! Mangochi moto!" Pomwe iwo ndi munthu wa ku Dedza amene nyanja amangoionera pakalendala.

Mzambia wina wamufunsa, "Iwe, ku Mangochi kwake kuti?" Kebba watsokomola bwino kwambiri. Ndanyadira ngati mphunzitsi.

Titapuma, a Zambia alowetsa chimunthu chachitali chimene chinachedwa kuntchito, ati "Mulenga wa ku Kitwe". Kebba wangoima. Mpira wamudutsa m'miyendo, osauona. Kenako wakuwa, "Bakary!" Mulenga uja wagwira kumutu. Athamangirana, akumbatirana pakati pabwalo, Chimandinka cha kwawo ku Gambia chili thothotho, misozi ili mbwembwembwe. Amuna akuluakulu! Kani ankagona chipinda chimodzi ku Sweden, n'kutayana kalekale, osadziwa kuti wina ali ku Brampton, wina ku Hamilton.

A A. anali atatsegula kale pakamwa kuti akuwe zachinyengo. Kaputeni wa a Zambia nayenso. Ayang'anana. Onse awiri awerama kumanga zingwe za nsapato.

Woyimbira wawatulutsa Agambia onse. A A. andiponyera jezi osandiyang'ana, yonyowa ndi misozi ya eni. Ndalowa. Mphindi zomaliza, goloboyi wagwa, golo ili pululu, mpira uli pamwendo panga. Ndauponya pamalo oimika magalimoto. Alamu ya galimoto ya a A. yalira.

Tagonja 3–2. Vanessa wajambula zonse.

Lamulungu, 7 Julayi

Pagulu la pafoni a A. alemba kuti "Mgambiayo anatinamiza kuti ndi Mmalawi." Anthu aika tizala tovomera. Ndayankha kuti dzina la Sadiq munapeka ndinu, ndipo mphunzitsi wake ndinali ine. Andichotsa pagulu. Tchalitchi sindinapite.

Lolemba, 8 Julayi

Kebba wabwera kuntchito bondo litatupa ngati papaya, koma akuimba. Iye ndi Bakary apeza kabwalo ku Mississauga, pakati pa awiriwo, azikasewera Loweruka lililonse m'mawa. Akuti ndipite. Ndamufunsa ngati ndizikasewera nambala 9. Waseka mpaka kuzimitsa folokolifiti.

"Tiyamba ndi kuimitsa mpira. Kumenya tidzaona chaka chamawa."

Pobwerera ndatsika basi pasitolo, ndagula zingwe zatsopano za nsapato.