Khomo Limene Ndinalowera

Celle, 11 Malichi

Okondedwa Achimwene Hauke,

Mtima wakhala pansi tsopano, ndiye ndati ndikulembereni ndisanayambenso kuthamangathamanga. Ndikhulupirira inu ndi alamu muli bwino ku Vancouver. Kuno chisanu chikukanirira, koma tili moyo.

Mpando wanga sunapite, achimwene! Loweruka nthumwi za chipani zandibwezera pa nambala yachitatu pa mndandanda wa opikisana, ndipo mukudziwa kuti wa nambala imeneyo amalowa m'nyumba ya malamulo ngakhale chisankho chitativuta. Koma pali zimene ndinakubisirani, ndipo ndikuchita nazo manyazi.

Mu Novembala tinkavotera lamulo lokweza msonkho wa utsi pa mafuta otenthetsera m'nyumba. Zaka zisanu ndi zitatu ndakhala ndikulalikira zomwezi, kuti boma lisamaletse anthu ichi ndi icho, koma woipitsa mpweya alipire. Chisankho chitayandikira, akuluakulu a chipani anagwidwa mantha, nati tonse tikane. Manja atakwezedwa, a sipikala analephera kuona mbali yochuluka, ndiye anatitulutsa tonse kuti tilowenso kudzera pa makomo atatu aja, la Inde, la Ayi ndi la osavota, alembi akutiwerenga ngati nkhosa. Anzanga onse anakhamukira ku la Ayi. Ine ndinaima kaye, n'kulowera la Inde. Lamulo linadutsa ndi mavoti awiri.

Tsono taganizirani Ababa, amene atilera ndi galimoto zogulitsa mafuta omwewo zaka makumi anayi! Tsiku lomwelo anaimba foni. "Iwe Wiebke, zimene ndaona pa kanemazi n'zoona?" Ine, ntchembere yonseyi, ndinanama. Ndinati, "Ababa, panali chipwirikiti, anthu anandikankha, ndinasokoneza khomo." Anangoti "Oo," n'kudula. Kuyambira pamenepo sanandilankhulenso, ndikaimba ankapatsira Amayi.

A Rehbein, mtsogoleri wa aphungu a chipani chathu, nditawauzanso bodza langalo, analikonda kwabasi. Analipereka kwa atolankhani kuti chipani chisaoneke chogawanika. Miyezi inayi ndakhala choseketsa cha tauni yonse. Ngakhale wogulitsa buledi wa pakona uja ankati, "Amayi, potulukira ndi apa, musalowe mu uvuni."

Loweruka mu holo munali nthumwi pafupifupi mazana atatu, Ababa ali mzere wachiwiri, atavala jekete yawo yopitira kumaliro. A Rehbein, amene sanandikhululukire za voti ija, anaimika loya wina kuti alimbirane nane nambala yachitatu. Aliyense amapatsidwa mphindi zitatu, kenako mafunso. Ndinalankhula za madzi osefukira, za ntchito zatsopano, koma za khomo ndinazilambalala. Ndikuti ndizitsika, ndinangoona Ababa akudzuka pang'onopang'ono ndi bondo lawo lovuta lija, ulendo wa ku maikolofoni.

"Ndine Eckhard Ahlers, nthumwi ya ku Celle. Funso langa kwa a phungu ndi limodzi. Tsiku lija munasochera, kapena munkadziwa kumene mukupita?"

A Rehbein ankandiyang'ana akupukusa mutu pang'ono. Ndinadziwa kuti ndikanena zoona, theka la anthuwa landitaya, ndipo ntchito yatha. Koma kunamiza bambo ako pa foni ndi kwina, kuwanamiza akukuyang'ana m'maso ndi kwinanso.

Ndinati, "Sindinasochere. Chikwangwani ndinachiwerenga kawiri. Lamulo lotere likadzabweranso, ndidzalowera khomo lomwelo. Pepani kuti ndinakunamizani, Ababa."

Wina kumbuyo anakuwa, "Kalowe chipani cha oteteza chilengedwe, odya masamba aja, iwe!" Ena anaseka, ena anaomba m'manja, ochepa ndithu. Ababa anabwerera pampando.

Kuwerenga mavoti kunatenga mphindi makumi anayi. Ndikuuzeni zoona, nthawi yonseyo ndinadzitsekera m'chimbudzi, ndikuganiza ngati sukulu yanga yakale ingandilandirenso kukaphunzitsa. Atalengeza, ine 151, loya uja 145. Mavoti asanu ndi limodzi okha, achimwene!

Ababa ndinawapeza panja, akudya soseji ataimirira. Ndinati, "Ababa, munandivotera?"

"Voti ndi chinsinsi, mayi phungu. Lamulo limenelo simukulidziwa?"

Anapukuta pakamwa, nandiyang'ana. "Lamulo lako lija ndi lopusa, ndipo ndidzafa ndikunena choncho. Koma miyezi inayi anthu akhala akundiseka kuti ndinabereka chitsiru chosatha kuwerenga chikwangwani. Wosiyana nane maganizo ndingadye naye. Wabodza ayi." Kenako anati, "Mawa ubwere kudzadya. Mayi ako atopa kuphikira anthu awiri."

Ndinalira pompo, pamaso pa atolankhani, ndipo sindinasamale.

Ndili ndi pempho limodzi. Muziwaimbira Ababa pafupipafupi. Amayi andinong'oneza kuti mu Januwale anagulitsa galimoto imodzi mwa zitatu zija, chifukwa makasitomala ambiri ayamba kutenthetsa nyumba ndi magetsi. Eni ake sananene, ndipo musawauze kuti mwamva kwa ine. Sindikudandaula ndi voti yanga, koma ndikudziwa amene ikuwapweteka, ndipo zimandiwawa.

Mundiperekere moni kwa alamu ndi kwa ana. Amayi akuti mutumize zithunzi. Ababa nawonso akupereka moni, ndipo moni umenewu sunadzere kwa Amayi ayi. Andiuza okha dzulo, ndili patebulo pawo, akundiwonjezera mbatata.

Ndine mlongo wanu,
Wiebke