Mtchato wanga ndi mtchona

Lamulungu, 8 Julaye 1951

Abusa andiitana titatuluka m'tchalitchi. Ine ndimati ndi za kwaya, kani ndi za ine ndi Gibson, kalipentala wa pa Manjawira uja. Dzinali ndalemba lonse lero lokha, kuyambira pano ndi G. basi. Munthuyo anapita kale kukafunsa zolengeza ukwati wathu, osandiuza.

Abusa ati sizingatheke. Ati mtchato wanga ndi Paison suli m'buku la mpingo mokha, ulinso m'buku la boma, ndipo chomasula ndi imfa kapena khoti. Ndati, Abusa, munthu anapita ku Joni mwana wathu Zelesi ali kumsana, lero Zelesi akusinja yekha, makalata analeka kalekale. Ati kutchona si kufa, mayi. Kenaka anandiyang'ana pamimba, kapena ndi mantha anga chabe. Ndinakokera nsalu m'mwamba.

Mwezi wachiwiri uno sindinasambe. Akudziwa ndi G. yekha. Mimbayi ikaonekera ndisanakwatiwe andichotsa pa Mgonero, ndikaima pamaso pa akulu a mpingo, G. amlipitsa chigololo, ndipo mwanayo adzakhala wa kwa Paison poti ng'ombe zawo zinalowa m'khola la kwathu. Esnath iwe, mphunzitsi wa zosoka, wolangiza ana a eni! Manyazi.

Lachiwiri, 10 Julaye

Ku boma ndi malume Goliati, nkhoswe yanga. Amayi, apongozi anga aNangozo amene ndakhala nawo pakhomo limodzi chichokere mwana wawo, ndawauza kuti ndikukagula ulusi. Bodza loyamba, ndipo linatuluka mosavuta mpaka ndinadziopa.

Kalaliki wake waulemu ndithu, koma zenera ndi limodzi, ndipo kumbuyo kwathu kunali mzere wa okhoma msonkho, makutu ali tcheru. Wati njira ya khoti mapepala amapita mpaka ku Blantyre, ndalama zake ungagule ng'ombe zingapo, ndipo chaka chikhoza kutha. Chaka! Njira inayo n'njapafupi. Ngati munthuyo anafa, wachibale wa magazi ake abwere adzalumbire pamaso pa bwana, sitampa yake masheleni awiri ndi sikisipensi. Zikatero alengeze masabata atatu m'tchalitchi, tilipire za mtchato watsopano, zatha.

Nditamva kuti imfa n'njotchipa kuposa khoti, mtima wanga unasangalala. Ndalemba dala kuti ndidzaziwerenge. Unasangalala.

Kalalikiyo wafunsa kuti wachibale wotsala ndani. Ndati mayi ake okha. Mayi wina pamzerepo wauza mnzake mokweza, ati awa akufulumiza maliro. Anthu anaseka.

Pobwerera malume ati fodya wako ndi uyo ali pamphuno, ukawauze apongozi akowo. Kunena n'kosavuta. Julius wa kutsidya atabwera ku Joni zaka zapitazo ananena kuti anamva zoti Paison anali m'gulu limene mgodi unagwera. Amayi anamfunsa kuti unamuona ndi maso ako? Iye ati ayi. Anamthamangitsa ndi chipande, ndipo pakhomo pano sipanamveke kulira ngakhale tsiku limodzi. Mpaka lero lole ya a ku Joni ikamveka kumsewu amasiya khasu n'kukaima pachulu.

Lachinayi, 12 Julaye

Tinali kukumba mbatata ya kachewere kudimba, ine ndi amayi awiriwiri. Ndinakonza mawu kuyambira kunyumba, ndinawayeserera ngati vesi. Titafika ndinaponda minga. Amayi anakhala pansi, n'kuika phazi langa pamwendo pawo, n'kumazula ndi singano ya m'duku mwawo, uku akundinena kuti mapazi a ana a sukulu ndi ofewa ngati a khanda. Ndati, Amayi. Ati, ee? Ndati khasu langa laguluka.

Khasu laguluka! Wamantha iwe.

Mzere wa kumapeto sitinakumbe. Ati umenewo tisiye, mwina mwini wake afika mwezi uno, amakonda yokumba kumene.

Lachisanu, 13 Julaye

Lero ayi. Ndasanza kuseri kwa khola, ndakwirira ndi phazi.

Lamulungu, 15 Julaye

Popemphera ndadzipeza ndikupempha kuti za Julius zija zikhale zoona. M'nyumba ya Mulungu, ndikupempha imfa ya mwamuna amene ndinalumbira naye pomwepo. Nyimbo yotsekera sindinaimbe.

G. anandidikira panjira ya kuchitsime, ali wapansi. Ndati njinga ili kuti? Wagulitsa, pamodzi ndi matabwa a mlombwa amene amasungira bedi lathu. Wagula ng'ombe ziwiri zobwezera malowolo a Paison. Akuseka, ati walira mvula walira matope, za sitampa ndi za mtchato zilinso m'thumba, chatsala ndi pakamwa pako. Ndati dikirani kaye ndiyankhule ndi amayi. Ati mpaka liti, mpaka diresi ikane? Ndinakwiya, komatu sananame. Ndinamuuza kuti pofika Lachitatu ndikhala nditanena. Iye n'kukauza malume kuti Lachitatu zonse zikhala zitakonzeka.

Lachiwiri, 17 Julaye

Sindinanene. Amayi anali ndi chifuwa, ndinawaphikira phala. Ndinati mawa m'mawa.

Lachitatu, 18 Julaye

Mayo ine.

Dzuwa lisanatenthe, ndili kutsuka mbale, ndangomva mabelu a ng'ombe kumpanda. Malume Goliati patsogolo atavala jekete la ku tchalitchi, akulu awiri a kwa G. pambuyo, ng'ombe ziwiri pakati. Iwo ankaganiza kuti nkhani inakambidwa kale, angobwera kudzatula. Mbale inandipulumuka.

Amayi anatuluka akutsokomola, n'kuyala mphasa monga achitira ndi alendo onse. Atalonjerana anafunsa kuti, kodi ng'ombezi zasokera? Malume anakonza kukhosi n'kuyamba mwambo wonse, ati tabwera kudzabweza zimene munatipatsa, mwana wathu wakhala nthawi yaitali, ndipo tikuthokoza kuti mwavomera kukalumbira ku boma.

Amayi ati, kukalumbira chiyani?

Malume ananditembenukira. Akulu aja anayang'ana zipewa zawo. Mmodzi, pofuna kuthandiza, n'kunena poyera, ati zoti malemu mwana wanu anatisiya.

Malemu. Pakhomo pano mawu amenewo anali asanatchulidwepo.

Amayi sanakuwe. Bola akanakuwa, bola akanatenga chipande chija. Anangotembenuka n'kundiitana ndi mfunda wanga, ati Nankhoma, iwe umadziwa? Ndinagwada pafumbi pomwepo. Ati, ulusi uja unagula ku boma unali wamtundu wanji? Anauza alendo kuti ng'ombezo azimangirire pamtengo, m'khola la mwana wawo simulowa ng'ombe za eni iye asanabwere. Analowa m'nyumba n'kutseka.

Malume pochoka sananditsanzike. Ndawachititsa manyazi pamaso pa anthu a kwa G., munthu wamkulu atavala jekete.

Lachinayi, 19 Julaye

Amayi sanadye. Ndaika chakudya pakhomo pawo, nkhuku ndizo zadya. Ng'ombe zikulira pamtengo paja, mudzi wonse ukudutsa pano ngati njira ya kumsika yasamukira pakhomo pathu. Kuchitsime nditafika nkhani inaduka.

Zelesi wandifunsa kuti, amayi, kodi atate anamwalira? Ndamukalipira kuti akatole nkhuni. Mwana wangofunsa zimene ine ndakhala ndikupempha kwa Mulungu.

Lachisanu, 20 Julaye

Ndaganiza. Mawa nditumiza mawu kwa G. adzatenge ng'ombe zake, akaombole njinga. Ndikaima pamaso pa akulu a mpingo, andichotse, anene zonse zimene anganene. Ndinazifuna ndekha. Koma kukoka mayi wokalamba mpaka ku boma kuti akaphe mwana wake ndi pakamwa pake, chifukwa choti ine ndibise mimba, ayi. Ndalira tsiku lonse ndikusoka, msoko wake wokhota ngati wa mwana woyamba kumene.

G. ndimamufuna. Ichinso ndilembe, poti n'choona.

Loweruka, 21 Julaye

M'mawa ndisanatume munthu, chitseko cha amayi chinatseguka. Ati Nankhoma, tenga madzi ofunda ubwere kuseri.

Ndinawapeza atakhala pamwala kuseri kwa nyumba, atavula duku. Ndinagwada patali n'kuyamba zimene ndinakonza, zoti ng'ombe zibwerera ndipo asavutike. Anandidula. Ati, ukuyesa ndine mwana? Miyezi iwiri iyi ndiwo ukuthira wekha mchere tsiku lililonse, sunaitanepo Zelesi kuti akuthirire monga uchitira ukakhala kumwezi. Ndinadziwa iwe usanadziwe. Ndimadikira kuti undiuze ndi pakamwa pako, iwe n'kunditumizira ng'ombe.

Ndinagwetsa nkhope pansi. Ndati, Amayi, ndinachita manyazi. Ati manyazi ako andipweteka kuposa mimba yakoyo.

Anayang'ana kumsewu. Kenaka ati, Julius sananame. Ndinaona m'maso mwake tsiku lomwelo. Koma ndikanalira, iwe ukanapita kwanu chaka chomwecho ndi Zelesi, ine n'kutsala ndi makoma. Ndakusunga ndi bodza langa, nawenso wandinamiza, talingana.

Anamasula mfundo ya nsalu yawo n'kutulutsa lumo. Ati Lolemba tipita ku boma, ndikalumbira. Koma sindingakauze mlendo kuti mwana wanga anafa ndisanamlire ine mayi wake. Ndimete.

Lumolo sindinalandire. Ndati tiitane akuluakulu, mwambo wake suyenda chonchi. Ati akuluakulu adzabwera akamva kulira, yamba.

Ndinanyowetsa mutu wawo. Imvi zoyamba zitagwera pamwendo pawo anazitola n'kuziyang'ana, ndipo anaitana dzina lake, Paison, mokweza, momwe ankamuitanira kuti adzadye. Kutsidya anthu anayamba kutuluka m'nyumba. Ine misozi inatseka maso, lumo linaterereka, kadontho ka magazi kanatuluka pamwamba pa khutu.

Anandigwira dzanja osatembenuka. Ati, pukuta maso umete bwino, mwana wanga. Ndilibenso wina wondimeta.