Estina Akuti Agogo Amamuulutsa

Lolemba, 2 Juni 2025

Shuga wathanso. Paketi yogula Lachisanu lapitali. M'nyumba muno tilimo atatu chabe: ine, Estina wanga wa zaka zinayi, ndi apongozi, atate awo a Reuben. Reuben mwiniwake ali ku Lusaka ndi thiraki ya abwana ake, kubwera mwezi ukatha. Ndiye shuga wadya ndani? Ine ayi.

Estina ndamufunsa. Akuti zadya nkhuku. Koma mwana ameneyu dzulo anabisala pakati pa bwalo potseka maso ndi manja, n'kumakuwa kuti ndimufunefune. Wakuba wotere sangamalize paketi yonse masaya ali oyera.

Masupuni awiri palibe. Sopo wochapira palibe. Amake Jordan, a nyumba yoyandikana nafe, anabwera Loweruka kudzapempha mchere, maso ali mwazumwazu mpaka kudenga. Sindinanene kuti ndi iwo. Ndangolemba.

Kumsewu mabasi a ku Chipata kungodutsa ngati tinawalakwira. Tomato amene ndimagulitsa kumeneko wayamba kufewa.

Lachitatu, 4 Juni

Zapezeka, koma bola zikanangosowa. Estina watuluka m'chipinda cha apongozi akunyambita supuni. Akuti shuga ali m'nsapato za agogo, zija za kutchalitchi.

Kukaona ndekha sindingathe. Chikwatiwire changa sindinapondemo m'chipinda chimenecho. Mpongozi ndine. Moni ndimapereka nditagwada chapatali, maso pansi, iwo akayankha ndanyamuka. Kudya sanandionepo, inenso sindinawaonepo. Kale zonse zinkadzera kwa apongozi aakazi, a Victoria. Chimwalirire chawo chaka chatha, mbale amakatula ndi Estina, ndipo nkhani za m'chipindamo ndimamvera kwa iye yemweyo. Iwo amamutcha mkazi wanga, mwa nthabwala za agogo ndi mdzukulu. Tsiku lonse ali awiri pamphasa, kusenda mtedza ndi kukangana ngati anthu a msinkhu umodzi.

Munthu amene anakonza njinga za kuno ku Rufunsa konse, wodziwa kachitsulo kalikonse ndi dzina lake, lero aziika shuga m'nsapato? Pali chimene akuchita. Sichikundisangalatsa.

Loweruka, 7 Juni

Ndilembe momwe zinalili.

Ndikumusambitsa m'mawa, Estina anangoyamba yekha: "Amama, usiku agogo anandikweza pa njinga yopanda mateyala. Tinapita kumwamba, tinawaona agogo aakazi. Anandipatsa nyama."

Nyama pakhomo pano tinadya pa Isitala.

Ndinakhala pansi pamatope pomwepo. Ndinamugwira mapewa n'kumufunsa ngati nyamayo inali yofiira. Ee. Ngati anamuuza kuti asandiuze. Ee. Ngati ndi kawirikawiri. Ee. Kenako anapempha kuti ndimupake mafuta, ngati palibe chachitika.

Kwathu ku Katete zoterezi tinakula tikuzimva. Zimayamba chonchi, ndi kanyama kopatsa mwana. Ndipo mwana sanama, aliyense amadziwa. Ndili ndi mantha. Ndili ndi ukali. Mwana ndi mmodzi yemweyu.

Lamulungu, 8 Juni

Ulaliki sindinaumve. Maso anga anali ku mbali ya azibambo. Anthu akakhala, apongozi aimirira. Nyimbo imene akhala akuimba zaka zonsezi, lero milomo yokha kugwedera. Ndinati mwina dzina la Yesu layamba kuwawotcha. Mulungu andikhululukire, ndinaganizadi choncho.

Reuben foni yake yozima. Ndaimbira mlongo wake Harriet, wa kufupi ndi Mpanshya. Sindinamalize n'komwe kufotokoza, iye: "Ndinkadziwa ine, alamu. Mimba zanga ziwiri zija zinapita kuti?"

Wavomera msanga kwambiri. Atate ake omubereka! Komanso ndi Harriet yemweyu amene wakhala akulira kuti malo a m'mbali mwa msewu, pamene panali shedi ya njinga ya atate ake, apatsidwe iye amangepo golosale. Nayenso ndimuyang'anitsitsa.

Estina ndamuletsa kupita kwa agogo ake. Mbale ndiziika pampando pakhomo pa chipinda, n'kuomba m'manja, n'kuchoka.

Lachiwiri, 10 Juni

Mbale ya dzulo masana yadyedwa ndi nkhuku pampando pomwepo. Yamadzulo inalowa, koma sinatuluke. Tsiku lonse apongozi kuitana, Victoria, Victoria. Munthu tinamuika m'manda tonse tikuona. Akulankhula ndi ndani m'menemo?

Estina kulira mpaka mamina, akuti agogo sadziwa kumanga mabatani. Ndamukwapula kamodzi pamwendo. Tsopano amagona kukhoma, ine kukhomo.

Pamjigo ndawauza amake Jordan okha, mtima unandilemera. Alumbira kuti sizituluka. Pofika madzulo ba Namakau, aphunzitsi a kalasi ya tiana aja anachokera ku Lusaka, anali atamva kale. Anabwera ngati odzagula tomato. Akuti ana a msinkhu wa Estina amakhala nawo tsiku lililonse, ndipo kwa iwo maloto ndi zochitika zenizeni zimakhala m'thumba limodzi. Akuti wina anawauzapo kuti mwezi umamutsatira popita kwa azakhali ake, n'kulira atamutsutsa. Anandifunsanso ngati apongozi amaiwalaiwala zinthu.

Ndinangoti zikomo. Anthu a m'tauni zonse amaziona ngati matenda. Komanso njinga yawo apongozi ankawakonzera ulere, ndiye aziwaikira kumbuyo, nanga n'kutani.

Lachisanu, 13 Juni

Sindinafune kulemba masiku awa.

Lero kumsika Estina wauza mayi wogula nthochi kuti mbuzi ya amake Jordan inamupatsa moni. Kenako akuti atate ake anamubweretsera diresi dzulo. Diresiyo ndi ya pa Khirisimasi. Kwa iye chilichonse chinapita ndi dzulo.

Chinandilowa m'mutu. Titafika kunyumba ndinamukhazika pa ndowa, ndinamugwira mapewa monga Loweruka lija, nkhope yomweyo, mawu omwewo. Kodi ba Namakau anakupatsa nyama usiku? Ee. Kondakitala wa minibasi anakuulutsa? Ee. Nanga mbuzi ija, inakuuza kuti usandiuze? Ee, uku akuseka. Asanayankhe amayamba wandiyang'ana m'maso, kufuna kuona yankho limene lingandikondweretse.

Mwana sanama, zoona. Sadziwanso kuti bodza limayambira pati.

Kandimverere anakanena za m'maluwa. Ine nkhani ya munthu wamkulu ndakhala ndikuitumira kamwana kamene kamalira ukakagawira chitumbuwa chathunthu, kati mnzake ali ndi ziwiri, pamene ndi chimodzi chonyema pakati.

Komabe shuga m'nsapato? Nanga Victoria amene akumuitanayo? Sindinakhutire. Chitseko cha chipinda chathu ndikupitiriza kuchitsekera ndi mtondo.

Lolemba, 16 Juni

Kunja kutangoyera, kuzizira kwa Juni kwenikweni, ndinamva phokoso kwa amake Jordan. Ndinathamanga ndi chitenje chapamwamba chili m'manja.

Apongozi. Pakati pa bwalo la eni ake, kuseri kwa khola la mbuzi. Vesiti ndi kabudula wam'kati basi. Anthu atazungulira kale, ena agwira mitengo, anyamata akujambula ndi mafoni. Wina akuti wagwa m'ndege, mafuta amuthera. Wina akuti mpongozi wake yemwe ananena kale. Amake Jordan ali patsogolo, manja m'chiuno.

Wachibale wamwamuna panalibe. Mwa mwambo ine ndinayenera kutembenuka, kuphimba nkhope, kuthawa. Miyendo inafunadi kutero. Koma ndinali nditawaona kale. Koyamba chikwatiwire kuwayang'ana kumaso bwinobwino. Kuonda! Mapazi ali magazi chifukwa cha minga, chibwano chikugundana, akuyang'ana munthu uyu ndi uyu ngati mwana wosochera pamsika. Ankafunsa aliyense ngati waona ng'ombe za atate awo, akuti zalowera kudambo. Ng'ombe za ku Katete, zimene ankaweta asanamere ndevu.

Ndinapyola pakati pa anthu, ndinawakulunga chitenje changa m'chiuno, ndinamanga ndi manja anga. Azimayi anakuwa. Ndinawagwira dzanja. Anandiyang'ana n'kunena kuti, "Amama, ng'ombe zasowa. Musandimenye."

Ndinati sindikumenyani, tiyeni kunyumba. Anatsatira.

Ndinalowa nawo mpaka m'chipinda. Fungo. Shuga alidi m'nsapato, nyerere zili bii. Masupuni pansi pa pilo. Kunsi kwa bedi mbale zanga zonse, chakudya chitachita nkhungu, akuti akusungira Victoria akabwera kumunda. Pakona mulu wa mathalauza onyowa, ophimbidwa ndi thumba la feteleza. Ankabisa manyazi.

Estina analowa pambuyo panga, osaopa chilichonse. Anatenga shati n'kuyamba kuwamanga mabatani, mokhotakhota. Akuti agogo amaiwala njira ya kuchimbudzi, iye ndiye amawaperekeza, n'kuwadikira, n'kuwabweza. Kuyambira liti? Dzulo.

Ndinamuletsa ine. Sabata yathunthu munthu analibe womulozera khomo.

Ndalira mokwanira. Mankhwala, nyanga, chithumwa, ndafufuza paliponse, ngakhale m'bokosi la masipanala. Mulibe kanthu. Muli nkhalamba chabe.

Lachitatu, 18 Juni

Reuben wapezeka. Kanema wa anyamata aja wafika kale pa foni yake, anzake a mathiraki amutumizira. Sakufunsa za mapazi a atate ake. Akufunsa ngati n'zoona kuti ndinawagwira m'chiuno anthu akuona. Akuti ndisachite chilichonse mpaka abwere, koma tsiku sakunena.

Harriet wapangana ndi mneneri wa kutchalitchi kwawo. Mneneriyo akubwera Loweruka kudzasecha nyumba. Ndikudziwa mathero ake. Asecha, apeza, chifukwa sanabwererepo chimanjamanja. Akapeza, apongozi pano sakhalanso, ndipo achinyamata a pamsika sadikira kuti munthu alongedze. Shedi ya njinga ikhala golosale.

Ndapita kwa amake Jordan kukabweza mawu anga. Ndafotokoza za mbuzi, za kondakitala, za mathalauza. Andimvetsera mpaka kumapeto, kenako: "Nanga si munanena nokha, amake Estina? Manje akudyetsani chiyani?" Walira mvula walira matope.

Ba Namakau akuti ndiwatengere kuchipatala ku Mpanshya, matenda oiwala a ukalamba amawadziwa, ngakhale sachira. Akuti ubongo umakula ngati mwana, ndipo kwa ena umabwerera njira yomweyo. Kaya. Mwina akunena zoona. Komabe lero iwonso anadutsa pa tebulo langa la tomato osaima, ngati enawo. Tomato ndataya beseni lonse kudzala.

Chakudya ndikuwapatsa ndekha tsopano, nditakhala pafupi. Akapanda kuona wina akudya, sadya. Ndiye ndadya pamaso pa apongozi. Mayi anga atamva angakomoke. Masana apongozi anandidziwa pang'ono, anadzidzimuka, anakoka bulangete mpaka kumaso. Madzulo ndinali amama kachiwiri.

Lachinayi, 19 Juni

Harriet wafika masana ndi azimayi awiri a yunifolomu ya tchalitchi chawo. Atate ake sanawapatse moni, anangosuzumira pazenera. Anayala mphasa pansi pa mtengo wa mango, amake Jordan ndi ena n'kubwera okha osaitanidwa. Anamuitana Estina, anamuika pamiyendo, anamupatsa bisiketi.

Ndinati mwanayu musamufunse, amavomera chilichonse, yesani kumufunsa za mbuzi muone. Mmodzi wa azimayiwo anati amene alibe mlandu saopa pakamwa pa mwana.

Harriet anayamba mokoma. Agogo amakukweza pa njinga usiku? Ee. Mumapita kutali? Ee. Kenako anatsitsa mawu, maso ali pa ine: "Nanga amako, nawonso mumapita nawo?"

Estina ananditembenukira. Masiku onsewa ndakhala ndikumukalipira za agogo ake, ndiye lero anaona mpata wondilowetsa m'chinthu chokoma. Anamwetulira mpaka mano onse. "Ee. Amama ndiye amapalasa."

Palibe anakuwa. Amake Jordan anangokoka mwana wawo n'kunyamuka. Enawo anasendera kumapeto kwa mphasa. Madzi amene ndinawapatsa anawasiya m'makapu. Harriet akuti auza mneneri kuti ntchito yakula, tsopano ndi ya anthu awiri.

Ndalankhula ndi dalaivala wa minibasi yoyamba ya ku Mpanshya. Malo atatu, mawa, ulendo wa kuchipatala. Wavomera, koma nayenso anandiyang'ana nthawi yaitali, kaya aima, kaya adutsa. Reuben sindimuuza. Mathalauza a apongozi ndachapa onse, ali pachingwe kutsogolo kwa nyumba, aone amene akufuna kuona. Imodzi ndiyenera kuwaveka ndekha m'mawa.

Dzuwa likulowa Estina anabwera pamene ndinkalongedza chikwama, nyenyeswa za bisiketi zili pa diresi. Anaima pafupi, akundiyang'ana m'maso.

"Amama, ndinayankha bwino?"

Ndinamuuza kuti ee.