Mpwitikizi ndi Fomu ya Tiya

Lachiwiri, 3 Meyi 2016

Manchester, mvula ngati dzulo. Shifiti ya m'mawa, othyoka miyendo anayi, tiyi wozizira.

Kufika kunyumba, fomu pa tebulo. Tiya, mwana wanga mmodzi yekhayo, zaka 16, amupatsa malo ku koleji ina ku Middlesbrough. Maphunziro m'mawa, mpira masana. Azikagona kwa banja lina, azungu osawadziwa. Kuyamba Seputembala. Makolo onse awiri asaine pofika Lachisanu la sabata yamawa. Bambo ake, a Overton, asaina kale, nsapato asanavule n'komwe. Akatswiri a mpira wa pa TV. Mzere wanga ukadali mbee.

Wayambitsa zonsezi ndi kochi wa timu ya atsikana ya Tiya, Mpwitikizi wina dzina lake Amadeu. Zaka zitatu akuphunzitsa mwana wanga kugwira pagolo, ine nkhope yake sindinaionepo. Loweruka ndimakhala ku wodi. Kwathu ku Zomba munthu akafuna kukutengera mwana umayamba watuma anthu kukafufuza: kwawo n'kuti, anabadwa kwa yani, amamwa kapena ayi. Kuno ndituma ndani? Ndifufuza ndekha.

Lachinayi, 5 Meyi

Nthawi yopuma, foni m'manja. Ndawapeza a Amadeu pa intaneti. Anabadwa 1971, m'tauni ya asodzi kumpoto kwa Portugal. Goloboyi. Zaka 18 akusewera, matimu asanu ndi atatu: kwawo, ku Cyprus, ku Scotland, pomalizira katimu kena kufupi ndi Oldham. Magemu amene anasewera onse pamodzi, 74. Ndinabwereza kuwerenga. Anayi pa chaka. Masiku ena onsewo, pa benchi.

Atasiya kusewera anakhala kochi. Wa magoloboyi ku Cyprus, wothandizira ku Portugal, kenako anawapatsa timu yawoyawo, miyezi inayi n'kuwachotsa. Pano ndi atsikana, pa bwalo la sukulu.

Ndinamuonetsa Daphne, nesi mnzanga wa ku Ndirande. Akuti, "Amwali, ameneyu ndi failure. Akufuna mwana wanu akamalize zimene zinamukanika iyeyo." Ndinaseka, n'kuvomera. Koma nditakwera tramu, kasitima ka m'tauni, funso silinandichoke. Munthu wamkulu amatani pa benchi zaka 18? Amaganiza chiyani? Ine wodwala akachedwa ku X-ray mphindi khumi ndimayamba kuzungulira wodi.

Pali chithunzi chawo cha 1996. Tsitsi lalitali, magolovesi aakulu kuposa mutu, akuseka. Akuseka chiyani?

Loweruka, 7 Meyi

Ndasinthana shifiti ndi Daphne kuti ndikaonere gemu ya Tiya. Tiya sindinamuuze. Ndinaima kuseri kwa mpanda ndi ambulera ngati wobwera kudzaba.

A Amadeu ndi aatali, dazi, bondo lakumanzere lotsimphina. Sakuwa. Kochi wa timu inayo mawu mpaka kusasa, iwo phee, kakope m'manja, akungolemba.

Wokuwa ndi Tiya. Mwana wanga amene pakhomo ndi "yes Mum, no Mum", anali akulamula atsikana akuluakulu kuposa iye, uyu apite uko, uyo abwerere. Ndipo akumumvera. Mawu amenewo amawasunga kuti?

Chigawo chachiwiri mpira sunafike kwa iye. Theka la ola, mvula ili pamutu, waima yekha. Osadumphadumpha, osayang'ana kumbali. Kutatsala pang'ono kutha mtsikana wina anathawa nawo mpira, awiriwiri ndi Tiya. Ine mumtima, thamanga mwanawe, thamanga. Sanasunthe. Winayo anamenya, Tiya anagwa nawo, uli m'manja. Ambulera ndinaipeza ili pansi.

Gemu itatha ndinakawapatsa moni a Amadeu. Dzanja limenelo. Zala zitatu zinathyoka n'kupola zokhota, chaching'ono chikuloza kwina. Amene anawamanga sanali wa ntchito yathu. Ndinafuna kuligwira ndiliyang'ane bwino, ndinadziletsa.

Ndawaitana kunyumba mawa tikaweruka ku tchalitchi. Tiya pa basi, nkhope kuwindo: "Mum, kuno anthu sachita zimenezo." Ndinamuuza kuti kuno kumathera pakhomo panga.

Lamulungu, 8 Meyi

Abwera nthawi yake yeniyeni, ife mpunga usanapse. Anyamula nsomba youma yamchere, yolimba ngati thabwa. Akuti uziviika masiku awiri. Ili mu beseni.

A Overton anayamba ndi mayina a akatswiri, munasewerapo ndi uje, nanga uje? Iwo akuti anawaona pafupi, atakhala pansi. A Overton anakhumudwa, n'kutembenukira ku nkhuku.

Ndiye ine ndinayamba zanga, ngati nkhoswe. Ali pabanja, mkazi wawo ndi mphunzitsi ku Rochdale. Ana awiri. Amamwa vinyo pa chakudya basi. Tiya maso ali m'mbale, akufuna nthaka imumeze.

Anachoka kwawo ali ndi zaka 14. Bambo awo, msodzi, ndiwo anasaina. Mayi awo anakana ngakhale kuwaperekeza ku siteshoni. Zala anathyokera pa maphunziro, osati pa gemu. Akuti goloboyi wachiwiri ndi amene anzake amayesera mphamvu za miyendo sabata yonse.

Ndinafunsa za benchi. Akuti ankaonerera. Phazi la womenya, mapewa, kumene maso athawira. Makope ali nawo khumi ndi awiri. Loweruka lililonse ankavala magolovesi ngati asewera, chifukwa tsiku limene mnzako wavulala silipereka chenjezo.

Ndinafunsa ngati angabwerezenso. Anayang'ana zala zawo zokhota zija. Kenako: "Masiku ena inde. Masiku ena ayi. Mayi, ndikakuuzani kuti Tiya adzakhala katswiri ndikhala ndikunama. Pa atsikana khumi, mwina mmodzi."

Zandikwiyitsa. Ndimafuna andinamize kuti ndipeze pokanira.

Lachitatu, 11 Meyi

Nsomba ija taidya. Mchere ukadalimo, koma ndi yabwino.

Masiku awiri atsala. Tiya sakufunsa. Akuwerenga za mayeso, akutsuka mbale, fomu akuilambalala ngati si yake. Ana a anzanga akanamenyetsa zitseko, akananyanyala chakudya. Uyu ayi. Ndinamuyamba dala, nanga za Middlesbrough zija? Akuti, "Mukakonzeka, Mum."

A Overton akuti, "Amake Tiya, mukufufuza mpaka liti? Munthu uja mwamuona mpaka zala." Zoona. Mlandu sindinawapeze nawo. Ndiye chikundigwira dzanja n'chiyani? Middlesbrough ndi maola atatu okha pa sitima. Sindikufuna apite, basi. Ndalemba, ndaziona.

Lachinayi, 12 Meyi

Ndawaimbira foni a Amadeu nthawi ya nkhomaliro, ndili m'kachipinda kosungira mabandeji. Funso limodzi. Atsikana ali mbwee, bwanji wanga?

Akuti si wamtali. Miyendo yake pomenya mpira ikadali yofooka. Koma amadziwa kudikira. Magoloboyi ambiri amagwa msanga chifukwa mtima sukupirira. "Ine zinanditengera zaka khumi pa benchi kuti ndiphunzire zimenezo. Iye anabwera nazo kale ali ndi zaka 13. Sindinamuphunzitse ndine, ndipo sindikudziwa anaziphunzira kuti."

Ndinathokoza, n'kudula. Ndinakhala pa katoni.

Ine ndikudziwa.

2003, pamene ndinkabwera kuno kudzagwira unesi, ndinamusiya kwa achemwali anga ku Chinamwali ali ndi zaka zitatu. Ndinati miyezi isanu ndi umodzi, mapepala akangotheka. Zinatha zaka zinayi. Achemwali ankandiuza pa foni kuti masana aliwonse akadya amakaima pa geti, kuyang'ana maminibasi ochokera ku tauni. Osalira, osafunsa. Minibasi ikaima amayang'ana otsika mpaka womaliza, ikapita n'kudikira ina. Ine ndinkaseka, n'kumati mwana wofatsa. Ndinkauza anthu ku tchalitchi kuti Mulungu anandipatsa mwana wosavuta.

Masana onse ndamanga anthu pulasitala maganizo ali pa geti ija. Daphne anafunsa ngati ndadwala.

Lachisanu, 13 Meyi

Ndasaina m'mawa, yunifolomu ndisanavale. Eneless Mkandawire, mayi. Masiku khumi ndamudikiritsa Tiya pa fomu imeneyi. Akwana.

Ndamupatsa pakhomo, chikwama chili kumsana. Anayang'ana mzere wanga nthawi yaitali, n'kupinda pepala bwinobwino. Ndinafuna kunena za geti ija. Kufunsa ngati amakumbukira. Ndinangomukonzera lamba wa chikwama. Iye anangoti, "Thanks, Mum," n'kundigwira dzanja mwamphamvu, n'kuthamangira kokwerera.

Ndaima pawindo mpaka wakhota pakona. Kuyambira Seputembala wodikira ndine, ndipo sindikudziwa ngati ndidzatha kudikira monga mmene iye anandidikirira.