Chiganizo chimene ndinadumpha

Loweruka, Novembala, kwathu ku Nguludi. Kwatentha tsiku lonse, kumwamba kulibe ndi kamtambo komwe.

Ndafika masana pa minibasi. Amayi ananditengera kumunda ndisanavule n'komwe nsapato. Chimanga chinamera, kenako chinapsa ndi dzuwa. Ndafukula mapando angapo: mbewu yafa basi.

Mwezi watha, ndikulengeza zanyengo pa wailesi yakanema, ndinanena kuti kumwera kugwa mvula yambiri. Uthenga wa akatswiri a zanyengo unali ndi chiganizo china kumapeto, choti imeneyi ndi chizimalupsa chabe, alimi asabzale. Wojambula anandikodola kuti nthawi yatha, ine n'kudumpha chiganizocho, n'kumwetulira, n'kutsazika. Amayi anandionera kunyumba kwa aphunzitsi. Mvula itagwa anabzala mbewu yawo yonse, anzawo n'kutsatira, poti wanena ndi mwana wa pamudzi pano.

Pochokera kumunda tinakumana ndi bambo Makwinja, oyandikana nafe, amene nawonso anabzala.

"Eni mvula afika," anatero. "Ya ulendo uno mwaisiya m'sutikesi, achemwali?"

Amayi anandiyankhira: "Musiyeni mwana. Iye amangowerenga zimene amupatsa. Olakwa ndi olembawo."

Bambo Makwinja anavomera, mpaka anandipepesa. Ine ndinangolandira chipepesocho, n'kupitiriza ulendo.

Olembawo sanalakwe, ndinalakwa ndine. Mawa tikatuluka Misa amayi akauzanso anthu zomwezo, ine nditaima pambali pawo. Mbewu ina ndingawagulire. Chikundivuta n'choti ndikawatsutse amayi pagulu, kapena ndikangokhalanso chete ngati lero…