Mfuti Yatsopano Yandigonthetsa Khutu

Okondedwa achimwene,

Ndikhulupirira muli bwino ku Joniko. Kuno ku Kawale ana ali bwino, wodwala ndine.

Sabata yatha ku kampu anatipatsa mfuti yatsopano, yolowetsa yokha chipolopolo china ukawomba, kuti tione ngati ingapirire kuwomba kosalekeza. Sajeni atandipatsa zotsekera m'makutu, ndinakana pamaso pa anzanga. "Zimenezo n'za ophunzira, bwana," ndinatero. Ndinawomba mpaka mpope wake unatentha, koma mfutiyo sinafooke. Tsopano khutu langa lakumanja silikumva, ndipo adokotala akuti mwina silidzamvanso.

Dzulo apongozi anandipatsa moni katatu pakhonde, ine osayankha. Abwerera ku Biwi akunena kuti ndayamba kunyada. Zoona zake ndikuchita nazo manyazi kuwauza.

Chonde muwaimbire foni, inu amakumverani. Koma amayi musawauze kaye. Mulungu akusungeni.

Ine mng'ono wanu,
Yohane