Kiyi wa Bokosi la Mavoti

Okondedwa Achemwali,

Ndikhulupirira muli bwino, ndipo mwendo uja unasiya kuvuta. Kuno ana ali bwino, ng'ombenso zikutulutsa mkaka.

Chisankho cha kopaletivi yathu ya mkaka chinachitika Loweruka, ndipo ndinapikisana ndi wapampando wakale yemwe uja. Tinagwirizana kale kuti aliyense adzavote mwachinsinsi, papepala, kuseri kwa katani. Koma m'mawa mlembi anangoti kiyi wa bokosi wasowa, choncho aliyense aime pamzere kumbuyo kwa amene akumufuna. Nanga ndani akanaima kumbuyo kwanga? Wapampandoyo ndiye amayeza mkaka wa aliyense, ndipo akakuda amangoti wathira madzi.

Anatiuza kuti tisacheuke mpaka amalize kuwerenga. Ine ndinacheuka, Achemwali. Kumbuyo kwanga kunali anthu asanu okha. Amayi amene ankalumbira pakhomo panga kuti adzandivotera anali kumzere winawo, maso pansi. Amenewo sindikuwada, ali ndi ana.

Kiyi uja ndamupeza dzulo pochapa, m'thumba la thalauza. Musandifunse kuti la ndani, m'nyumba muno mwamuna ndi mmodzi.

Alamu anu akupereka moni. Akudya bwinobwino.

Ndine mng'ono wanu.